Adati masabata asanu ndi limodzi, idatha miyezi khumi: n'chifukwa chiyani ntchito yokonzanso nyumba zowonongeka imachedwa?

Mayi woyembekezera akabwera kudzayamba sikelo, ife azamba timamufunsa tsiku lomwe adayamba kusamba komaliza, n'kuwerengera masabata 40, kenako timalemba tsiku lochira m'buku lake la kuchipatala. Koma nthawi zonse timamuuza kuti: “Mayi, tsikuli n'longoyerekeza. Konzekeranitu lisanafike, ndipo musadabwe likapitirira pang'ono.” Mwa ana pafupifupi 20 aliwonse, ndi mmodzi yekha amene amabadwa pa tsiku lenileni lolembedwalo. Palibe mayi amene amati mzamba ndi wabodza chifukwa cha zimenezi. Koma mmisiri akatchula tsiku lomwe adzamalize kukonza nyumba yathu, tsikulo timaligwira ngati lumbiro la paguwa.

Namondwe wa Freddy atawomba m'chigawo cha kummwera m'mwezi wa Malichi 2023, chipatala china chaching'ono cha mishoni, komwe timatumizako ophunzira athu kukazolowera ntchito ya uzamba, chidasasuka denga mbali ya amayi oyembekezera. Madzi adalowa m'chipinda chochilira mpaka kufika m'mawondo. Mu Epulo kudabwera mmisiri. Adazungulira nyumbayo, adakwera pamwamba, ndipo atatsika adauza bambo mfumu ndi komiti ya chipatala kuti masabata asanu ndi limodzi akwana. Amayi a m'parishiyo adachita Pepa Sande, ena adagulitsa nkhuku, ndipo abwenzi akufuna kwabwino adalonjeza kuwonjezerapo. Chipindacho chidatsegulidwanso mu Febuluwale 2024.

Miyezi khumi yonseyo amayi ankachilira m'kachipinda kosungiramo katundu, momwe munkangokwana bedi limodzi. Awiri akabwera nthawi imodzi matenda atayamba, wina ankagona pamphasa. Ena adagwa ulesi n'kuyamba kuchilira kunyumba. Padalinso bala lina lomwe mankhwala athu sakadalichiza. Msungichuma wa komitiyo, mayi wachikulire wa m'bungwe lathu la amayi, adayamba kulozedwa zala kuti wadya ndalama. Adasiya kubwera ku Misa kwa miyezi itatu chifukwa cha manyazi. Mabuku atafufuzidwa, sipadasowe ngakhale tambala imodzi.

Kuyambira nthawi imeneyo ndakhala ndikufunsa amisiri, akalipentala ndi anthu oyang'anira ntchito zomangamanga kuti andiuze chomwe chimachedwetsa ntchito zotere. Zomwe ndaphunzira ndikufuna kugawana nanu, amayi anzanga, pakuti m'maparishi mwathu ndi ife amene timatunga madzi omangira, kututa mchenga, kusonkha ndalama, kenako n'kumagonanso ndi ana m'nyumba zomwe zakonzedwazo.

Mmisiri amawerengera zomwe maso aona

Kumanga nyumba yatsopano n'kosavuta kuwerengera. Mmisiri amadziwa njerwa zomwe zidzalowe, matumba a simenti, malata ndi misomali, chifukwa zonse akuziyamba yekha kuchokera pansi. Kukonza nyumba yowonongeka n'kosiyana. Pa tsiku loyendera, iye amaona malata osasuka ndi khoma long'aluka, n'kulemba koteshoni yake. Zomwe zabisika amadzazidziwa akayamba kuphwasula.

Pachipatala chija, atachotsa malata otsala adapeza kuti mapaso ambiri adali odyedwa ndi chiswe kuyambira kale. Kunja ankaoneka abwinobwino, koma ukakhoma msomali umangolowa ngati m'nsima. Atagumula pulasitala wofufuma, zidaoneka kuti khoma lina lidamangidwa ndi dothi osati simenti, ndipo dothilo lidali litasungunuka pakati pa njerwa. Madzi adali atakumbanso pansi pa maziko a ngodya imodzi. Mmisiriyo adandiuza kuti: “Amayi, ine ndidawerengera denga. Pano ndikumanga theka la nyumba.”

Sanali kunama, ndipo zimenezi sizichitikira amisiri akumudzi okha. Namondwe wa Ana atawononga damu la pamalo opangira magetsi a Kapichira pamtsinje wa Shire ku Chikwawa mu Januwale 2022, dziko lidataya mamegawati pafupifupi 130. Chiyembekezo chidali choti magetsiwo abwerera pofika Disembala chaka chomwecho, koma makina oyamba adayambanso kugwira ntchito mu Epulo 2023. Asanakonze chilichonse, kunkafunika kumanga kaye damu lina lotchinga madzi kuti amisiri apeze pogwirira ntchito. Ngati akatswiri okhala ndi makina akuluakulu amaphonya tsiku, nanji mmisiri wathu wa supuni ndi wilibala?

Khoma lonyowa silimva changu

Chinthu chomwe chimadya nthawi kwambiri ndi chomwe sitiona munthu akugwirapo ntchito: kudikira kuti nyumba iume. Njerwa yootcha imamwa madzi ngati thonje. Madzi osefukira akakhala m'nyumba masiku awiri kapena atatu, amalowerera mkatikati mwa khoma ndi pansi pa simenti, ndipo kuti atuluke pamatenga masabata ambiri, mwinanso miyezi ngati nyengo ndi yozizira. Kumadera monga Mulanje, Thyolo ndi Chiradzulu, mvula ikangotha kumabwera chiperoni cha mu Juni ndi Julaye, choncho khoma limachedwa kwambiri kuuma.

Mukaika pulasitala kapena penti pakhoma lomwe mkati mwake mukadali madzi, pakapita miyezi yochepa pentiyo amatukusira, pulasitala amafufuma n'kuyoyoka, ndipo pakhoma pamatuluka zoyera ngati mchere. Ndalama zalowa m'madzi, ntchito iyambirenso.

Pali njira yosavuta yodziwira ngati khoma lauma. Tengani kapepala ka pulasitiki koonekera mkati, mukamate pakhoma ndi selotepi mbali zonse zinayi kuti mpweya usalowe, n'kukasiya tsiku lathunthu ndi usiku womwe. Mukapeza timadontho kunsi kwa pepalalo, kapena pakhoma pamenepo pada, dziwani kuti khomalo silinaume. Ndipo ngati mukufunitsitsa kuyeretsa chipinda msanga, njereza ndiyo yabwino kuposa penti wa mafuta, chifukwa njereza imalola chinyezi kutuluka pamene penti wa mafuta amachitsekera mkati.

Simenti nayo ili ndi nthawi yake. Konkire amafunika kuthiriridwa madzi tsiku ndi tsiku kwa masiku osachepera 7, ndipo amafika pa mphamvu yomwe amisiri amawerengera pakatha masiku 28. Mukaona mmisiri wathira bimu pamwamba pa khoma n'kusowa kwa masabata awiri, musafulumire kunena kuti wathawa. Akakweza matabwa ndi malata pa bimu yosakhwima, ndiye kuti wakutcherani msampha wa namondwe wotsatira.

Ntchito ina imadikira inzake

Pakukonza nyumba, ntchito zimayenda motsatizana ngati pamzere wa kuchigayo. Maziko alimbe kaye, kenako khoma, bimu, matabwa, malata, mawaya a magetsi ndi mipope, pulasitala, pansi, penti pomaliza. Kalipentala sangayambe mmisiri wa njerwa asanamalize. Wa magetsi ayenera kulowetsa mapaipi ake m'khoma pulasitala asanaikidwe. Mmodzi akachedwa ndi sabata imodzi, wotsatira wake sakhala pansi kudikira ayi, amapita kukagwira ntchito kwina, ndipo kuti mudzamupezenso padutsa masabata atatu. Motero kuchedwa kwa masiku asanu ndi awiri kumabala kuchedwa kwa mwezi wathunthu.

Pakagwa ngozi yaikulu vutoli limakula. Freddy adasowetsa pokhala anthu oposa 600,000. Nyumba, sukulu, matchalitchi ndi zipatala zidawonongeka nthawi imodzi m'maboma ambiri, koma amisiri odziwa ntchito sadachuluke usiku umodzi. Mmisiri wabwino ankafunidwa ndi anthu khumi, ndipo ambiri, poopa kukhumudwitsa anthu kapena chifukwa chofuna ndalama, ankavomera ntchito zingapo nthawi imodzi.

Zipangizo zimasowa, mitengo imathawa

Milatho ikakokoloka, lole ya simenti siifika, kapena imazungulira njira yaitali ndipo mtengo wa mayendedwe umakwera. Mchenga wa kumtsinje madzi akangosefukira umakhala wosakanikirana ndi matope, ndipo mchenga wamatope umafooketsa simenti. Njerwa siziumbidwa nthawi ya dzinja, zimadikira chilimwe. Komanso kuyambira mu 2018 malamulo a dziko lino amaletsa njerwa zootcha ndi nkhuni pa zomangamanga zikuluzikulu monga sukulu ndi zipatala, pofuna kuteteza mitengo. Lamuloli n'labwino, koma likutanthauza kuti ntchito zoterezi zimadalira kwambiri simenti, ndipo simenti ikasowa pamsika zonse zimaima.

Tsono pali nkhani ya ndalama yathu. Kwacha idatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, kenako ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Malata, misomali, mawaya, magalasi ndi penti zimachokera kunja kapena zimapangidwa ndi zipangizo zochokera kunja, choncho mitengo yake idakwera nthawi yomweyo. Pachipatala chija, ndalama zomwe zidasungidwa kuti zigulire penti, mawaya ndi masinki zidapezeka kuti sizikukwananso. Ntchito ikachedwa mtengo umakwera, mtengo ukakwera ntchito imaimanso kudikira ndalama zina. Apa ndi pamene anthu adayamba kunong'onezana za msungichuma uja.

Wina anganene kuti, bwanji osagula zonse pachiyambi? Malata, misomali, mawaya ndi zitseko, inde, gulanitu ngati muli ndi posungira pabwino. Koma simenti ayi. Ikakhala miyezi yoposa itatu imayamba kutha mphamvu, ndipo ikakhala pachinyezi imauma n'kusanduka mwala ili m'thumba momwemo.

Thandizo limabwera m'magawo

Ambiri timaganiza kuti bungwe likalonjeza thandizo, ndalama zonse zimafika tsiku limodzi. Sizitero. Kawirikawiri amapereka gawo loyamba, ndipo lachiwiri limatuluka pokhapokha mutatumiza malisiti ndi lipoti la momwe loyambalo lagwirira ntchito. Lisiti limodzi likasowa, kapena wosainira cheke akachoka kwa masabata awiri, ntchito imaima. Mukapeza vuto latsopano, monga mapaso achiswe aja, simungangotenga ndalama ya penti n'kugulira matabwa. Muyenera kulemba kalata yopempha chilolezo, ndipo komiti yovomereza mwina imakumana kamodzi pamwezi.

Ndondomekozi zimatopetsa, koma zimateteza ndalama za anthu osauka. Tikumbukirenso kuti opempha amakhala ambiri. Kafukufuku yemwe boma lidachita pamodzi ndi mabungwe Freddy atadutsa adapeza kuti pankafunika madola a ku America pafupifupi 680 miliyoni kuti zinthu zibwerere mwakale. Parishi yathu imakhala imodzi mwa mazanamazana omwe ali pamzere.

Nafenso tili ndi mbali yathu. Timalonjeza kuti akhristu atuta mchenga, miyala ndi madzi, koma osayang'ana kalendala ya kumudzi. Epulo mpaka Juni anthu ali kokolola. Okutobala zitsime zaphwa, madzi othirira konkire akusowa. Novembala ndi Disembala aliyense ali kumunda. Pakati apo pagwa maliro, mudzi wonse uima masiku atatu. Mmisiri amabwera m'mawa, apeza migolo ilibe madzi, n'kubwerera. Tsiku limenelo talichedwetsa ndife.

Kuthamangira kulowa kuli ndi mtengo wake

Apa ndilankhule monga namwino. Ndikudziwa kuwawa kogona m'tenti kapena kwa achibale uli ndi ana. Koma nyumba yosauma imadwalitsa. Nkhungu yakuda yomwe imamera pakhoma lachinyezi imayambitsa chifuwa, chimfine chosatha ndi kuyabwa kwa maso, ndipo imadzutsa mphumu, makamaka mwa ana ndi okalamba. Khanda longobadwa kumene limazizidwa msanga, ndipo chipinda chozizira ndi chachinyezi n'choopsa kwa ilo, makamaka ngati lidabadwa masiku osakwana.

Chonde amayi, musaike mbaula ya makala m'nyumba yotseka pofuna kuti iume msanga, inu n'kugona momwemo. Makala amatulutsa mpweya woipa wosaoneka ndi wosanunkha, womwe umapha munthu ali m'tulo. Chomwe chimaumitsa nyumba ndi mphepo: tsegulani zitseko ndi mawindo masana onse, sunthani katundu achoke m'mbali mwa khoma, yanikani matilesi ndi mphasa padzuwa. Ngati nyumba ili ndi magetsi ndipo madzi adafika m'masoketi, musayatse mpaka wodziwa za magetsi atayendera.

Musaiwale chimbudzi. Nthawi zambiri timakonza denga n'kusiya chimbudzi chomwe chidagwa kuti tidzachione pambuyo. Mliri wa kolera womwe udayamba mu Malichi 2022 udapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno. Banja lisabwerere m'nyumba popanda chimbudzi chogwira ntchito, posambira m'manja ndi madzi akumwa othira kolorini kapena owiritsa.

Pachipatala chija ena ankatiumiriza kuti tilowe mu Novembala, pakuti denga lidali litatha. Tidakana. Pansi pa chipinda chochilira padali ming'alu, ndipo magazi akalowa m'ming'alu sungawatsuke ngakhale ndi kolorini. Mayi amene wangochira kumene ali ndi bala lotseguka mkati, mwananso ali ndi mchombo wosapola. Kuwaika pamalo osatheka kutsuka n'kuwaitanira matenda oopsa. Akuluakulu adati kuthamanga sikufika.

Kusiyanitsa kuchedwa kwachilungamo ndi chinyengo

Sindikunena kuti kuchedwa konse n'kosalakwa. Alipo amisiri amene amalandira ndalama n'kuzimiririka, alipo amene amachepetsa simenti n'kukagulitsa matumba otsala, ndipo alipo a m'makomiti osakhulupirika. Nanga tingasiyanitse bwanji?

Mmisiri wachilungamo amakuonetsani vutolo ndi maso anu. Amakuitanani kuti mudzagwire thabwa lachiswe, mudzaone mng'alu wa pamaziko. Amakuuzani chomwe akudikira ndi tsiku lomwe abwerenso, ndipo foni yake amayankha. Wachinyengo amapempha ndalama zina asanamalize gawo lomwe adalipidwa kale, sakufuna kuti muwerenge matumba a simenti, ndipo chifukwa chake chimasintha tsiku ndi tsiku. Komiti yachilungamo siopa kuonetsa malisiti. Musanatchule munthu kuti wakuba, pemphani kaye kuona buku. Dzina la munthu likaipa silikonzeka ndi simenti.

Zomwe amayi a bungwe tingachite

Choyamba, mmisiri akatchula tsiku lomaliza, mufunseni kuti: “Abambo, nanga n'chiyani chomwe simunathe kuchiona lero?” Mulipireni tsiku limodzi kapena awiri oti aphwasule pang'ono, aone mapaso, agumule pulasitala penapake, akumbe m'mbali mwa maziko, asanalembe koteshoni yomaliza.

Chachiwiri, gwirizanani za magawo a ntchito osati tsiku limodzi lokha. Lembani papepala kuti maziko akatha alandira zakuti, khoma ndi bimu zikatha zakuti, denga likatha zakuti, ndipo masiku odikira kuti ziume alembedwenso. Onse asainire pali mboni. Gawo lochepa la malipiro lisungidwe mpaka mvula yoyamba itagwa, kuti muone ngati denga silikudontha.

Chachitatu, pa ndalama zilizonse zomwe mwawerengera onjezanipo zapadera, monga K10 kapena K15 pa K100 iliyonse, zodikirira zinthu zosayembekezereka. Ndalama imeneyi isakhudzidwe popanda komiti yonse kudziwa. Pa Luka 14:28-30 Ambuye amatikumbutsa kuti womanga ayambe wakhala pansi n'kuwerengera ngati adzathe kumaliza.

Chachinayi, pamalo a ntchito pakhale kope. Amayi awiri, mosinthana mphakati ndi mphakati, azilemba tsiku lililonse amene wabwera kuntchito, matumba a simenti omwe alowa ndi omwe atsegulidwa, komanso chifukwa chake ngati ntchito sinagwirike. Kope la mwana wa sukulu limakwana.

Chachisanu, lipoti liziperekedwa poyera kamodzi pamwezi Misa ikatha, ngakhale pamene palibe chatsopano. Kungonena kuti “mwezi uno tikudikira khoma liume, ndalama zotsala ndi izi” kumatseka pakamwa pa mphekesera. Anthu akakhala osauzidwa kanthu amadzipezera okha yankho, ndipo kawirikawiri limakhala loipa.

Chomaliza, konzani malo ongoyembekezera ngati kuti mukhalamo nthawi yaitali. Ife tidalakwitsa pamenepa. Poganiza kuti ndi masabata asanu ndi limodzi okha, sitidavutike kuika bedi lachiwiri, nyali ya sola kapena nsalu yotchinga m'kachipinda kaja. Tikadadziwa kuti ndi miyezi khumi, tikadakonza bwino, ndipo amayi ena sakadachilira kunyumba. Ngati chipatala cha kwanu chikukonzedwa, funsani azamba komwe amayi akuchilira pakadali pano, ndipo limbikitsani oyembekezera kupita msanga kuchidikiro. Ngati ndi nyumba ya mayi wamasiye kapena gogo wa mumphakati mwanu, musangomuthandiza sabata yoyamba yokha. Mwezi wachinayi ndi wachisanu, pamene aliyense waiwala, ndi pomwe amasowa kwambiri womuyendera.

Tsiku lomwe bambo mfumu adadalitsa chipinda chatsopanocho, wapampando wa amayi adaimirira n'kupepesa kwa msungichuma uja pamaso pa anthu onse. Mayiyo sadalankhule zambiri. Adangotulutsa m'chikwama chake jumbo momwe adasungamo lisiti lililonse kuyambira mu Epulo, n'kulipereka kwa komiti. Usiku womwewo mtsikana wina wa mimba yoyamba adachilira m'chipindamo, mothandizidwa ndi mzamba wa pachipatalapo ndi wophunzira wathu mmodzi. Mwanayo adabadwa patadutsa masiku asanu ndi anayi kuchokera pa tsiku lomwe tidalemba m'buku la mayi wake, ndipo onse awiri adatuluka ali bwino.